Manda a M'padoko ya Chipewa

Kalata ya ku kanselo inampeza Gershom Mukutu ali mbuu ndi ufa pa chigayo chake ku Chinyunyu, dzuwa la Okutobala wa 1996 likuwotcha malata. Anaiwerenga ali chiimire, kenako anaiwerenganso atakhala pa thumba la gaga. Kalatayo inati mabanja amene azungu anawachotsa pa famu ya Chipewa akhoza kubwerera, malinga ngati banja lililonse lionetsa pamene panali manda a makolo ake. Wopima malo, a Kalekeni, adzafika Lachisanu. Mpaka pamenepo zonse zinali zokoma. Koma m'munsi, pa mzere wa mwini pempho, panalembedwa dzina lakuti Rosalia Chabwela.

Ankadziwa kale kuti dzina lidzakhala limeneli, komabe kuliona litatayipidwa kunali ngati wina wamponda pachilonda.

Amene analemba makalata kwa zaka khumi ndi ziwiri anali Gershom. Amene anathera zidendene za nsapato m'makonde a maofesi ku Lusaka, mpaka alonda a pageti kumampatsa moni ndi dzina, anali Gershom. Ndipo musamuyese munthu wamba. Uyu ndi munthu amene anayendetsa lole ya migolo ya mafuta kuchoka ku Dar es Salaam msewu usanathiridwe phula, anagona pansi pa lole ku Mbeya mvula ikugwa masiku anayi, anadya nkhanu ku Beira, anakangana ndi apolisi a ku Lubumbashi m'Chiswahili chawo chomwe mpaka iwo kumupepesa. Chigayo, golosale ndi kavaneti koyera kamene kanaima panja anazipeza ndi manja ake awiri, osalandira cholowa cha munthu. Chimodzi chokha chinamkanika, ndicho kusankha mimba yobadwiramo.

Pakati pa Asoli, mtundu wa kuderali, malo amatsata mimba ya mkazi. Mudzi wa Shamabwe unali wa agogo ake aakazi, ndipo unaphwasulidwa mu 1931, atsamunda atanena kuti nthaka yakuda ya m'mbali mwa mtsinje wa Kasenje ndi ya mzungu, anthu akuda apite kumiyala ya ku rizevu, malo amene anawapatulira. Agogowo anasiya ana awiri, Mordecai ndi mlongo wake Estina. Gershom anali mwana wa Mordecai, wobadwa kwa mkazi wa Chinsenga, kotero pamwambo kwawo kunali ku Petauke, kumene anapondako kawiri kokha, kawiri konseko pamaliro. Rosalia anali mwana wa Estina. Akuluakulu a banja atakhala pansi sanachedwe n'komwe: mwini dothi ndi Rosalia ndi ana ake. Gershom ndi mwana wa kwa mwamuna, azilemekezedwa, koma pepala si lake.

Zikanakhala za Rosalia yekha akanameza. Rosalia anali msuweni wake, ndipo msuweni ndi mkazi wako ngakhale usanamkwatire. Mordecai ankafuna kuti awiriwa akwatirane ndithu, kuti adzukulu ake asadzasowe poima. Gershom anavomera, napempha chaka chimodzi chokha choti akaone msewu wa ku Dar. Anabwerako patatha zaka zinayi, napeza Rosalia ali ndi mwana kumsana, atakwatiwa ndi Clever Chabwela, Mchewa wa ku Katete amene ankachapa mashiti ku chipatala cha mishoni ku Mpanshya. Munthu amene chichokere ku Katete ulendo wake wautali unali wa pa njinga, kukagula nsomba zouma ku mlatho wa Luangwa. Zaka makumi awiri ndi zisanu akuyanika nsalu za odwala, akuimbitsa kwaya, akumwetulira aliyense, ndipo tsopano ndiye adzadye nthaka ya Shamabwe.

Koma Gershom anali ndi chake chimene sanauzepo munthu, ngakhale mkazi wake Justina. Mordecai atakula anabwerera pa famupo kukaweta ng'ombe za mzungu yemweyo, amene antchito anamutcha Chipewa chifukwa sankachivula ngakhale pakudya. Chaka chimene Chipewa analamula kuti mitengo ya kumanda igwetsedwe pakhale padoko ya ng'ombe, Mordecai anali m'gulu la ogwetsa. Sakanatha kukana. Chimene anachita, anatola mbale zakutha za pulawo ya thirakitala zimene zinatayidwa kuseri kwa shedi, nakwirira imodzi pa manda alionse, zisanu ndi zinayi. Mu 1983, atatsala miyezi yochepa kuti amwalire, anakwera lole ya mwana wake mpaka pa mpanda wa famuyo, imene nthawi imeneyo inali m'manja mwa boma. Nkhalambayo inakwawa pansi pa waya, nimuwerengetsa mizati kuchokera pa dibi la ng'ombe: makumi anayi ndi umodzi kulowera kum'mawa, kenako mapazi makumi atatu kumanzere. Inati akaonetse msuweni wake, chifukwa anthu agona apawa ndi a Rosalia. Gershom anati adzamuonetsa. Zaka khumi ndi zitatu zinapita.

M'makonde a ku Lusaka muja anamva kuti masiku ano munthu akatenga pepala la malo m'dzina lake, malowo amatsalira ana ake, osati ana a mlongo. Nzeru yake inali yosavuta. Lachisanu adzakhala chete. Rosalia akalephera kuonetsa manda, pempho lake lidzagwa. Pakapita mwezi, iye adzapita yekha kukatenga a Kalekeni ndi fomu ya dzina lake, nawaimika pamwamba pa mbale za Mordecai.

Lachisanu Gershom anapeza Rosalia ndi Clever pa mphambano ya ku Mpanshya akudikira ndi dengu lophimba. Rosalia anavala chitenje cha amayi a mpingo, Clever jekete la kwaya, dzuwa lonse lija.

"Amuna anga othawa aja afika," anatero Rosalia akukwera kutsogolo. "Lero musatisiye pamsewu n'kulunjika ku Dar."

"Ndikusiye ndi yani? Wochapa wakoyu angakufikitse kuti pa njinga yopanda mabuleki?"

Clever anaseka kuposa onse, nakwera kumbuyo ndi dengu, napempha ba mulamu kuti ayendetse bwinobwino chifukwa munkoyo, thobwa la m'dengumo, ungatayike. Ndicho chinali chotopetsa mwa munthuyu. Ukamulasa ndi mawu ankaseka ngati wampatsa mphatso. Gershom anaponda moto pa bampu iliyonse, dala.

Njira yonse Rosalia ankafotokoza zimene adzachite pamalopo, ndipo mawu ake alionse ankayamba ndi a Chabwela. A Chabwela akuti nthochi m'mbali mwa mtsinje. A Chabwela akuti dziwe la nsomba, anaona m'kabuku ka masisitere. A Chabwela akuti nyumba iyang'ane kum'mawa. Gershom, amene anaonapo minda ya nthochi ya ku Tukuyu yoti ukalowa m'mawa umatuluka madzulo, anangogwiritsa chiwongolero mpaka zala kuwawa.

A Kalekeni anali atafika kale pa geti lakale la famu, munthu wamfupi, wonenepa, thaulo lili pakhosi, buku kukhwapa, ndi mtolo wa zikhomo zachitsulo zopimira malire. Ananeneratu kuti ili linali banja lachitatu sabata imeneyo, ndipo galimoto ya kanselo ikufunika kubwerera isanakwane thu koloko. Famuyo inali itatheratu. Nyumba ya Chipewa inalibe denga, dibi linang'aluka, mizati ya mpanda anthu ogulitsa zitsulo anaicheka yonse n'kusiya timitu m'dothi. Moto unali utadutsa, ndipo chigwa chonse chinali chakuda bii kuyambira pa dibi mpaka ku dambo lobiriwira la kum'mawa.

A Kalekeni anafunsa mayi Chabwela kuti manda ali kuti. Rosalia anatembenukira kwa Gershom.

"Asuweni, amalume anaweta ng'ombe pano zaka zonse zija. Sanakuuzeni kalikonse?"

Gershom anayang'ana kumapiri. Anati nkhalamba ija kumapeto inkalankhula zambiri, zina za ng'ombe, zina za nkhondo ya Hitila, munthu sakanasunga zonse. Anaona nkhope ya Rosalia ikugwa, ndipo mtima unamuluma pang'ono, koma pang'ono pokha.

Apa Clever anatsokomola. Anati iye ndi mlendo, amukhululukire, koma kwawo ku Katete manda safunsa. Umangoyang'ana pamene mitengo siinadulidwe. Taonani chigwa chonsechi mulibe mtengo ndi umodzi womwe, kupatula kamsitu kaja kali m'mphepete mwa Kasenje. Mzungu angalande dziko, koma naye ndi munthu, manda amawaopa.

Anatsikira kumeneko, Clever patsogolo akuthyola minga kuti mkazi wake adutse. M'kamsitumo munali mthunzi wozizira, ndipo pakati pake panali timitumbira titatu, tozunguliridwa bwino ndi miyala. Pa kamodzi panali mbale yachitsulo yosupuka, itamira theka m'dothi. Clever anavula chisoti, nanena motsitsa kuti nayo mbale imene malemu ankadyera, monga mmene timachitira kwathu.

Gershom anachita kuluma tsaya kuti asaseke. Kamsitu kameneka ankakadziwa. Mordecai anamulozera tsiku lomwe lija la mu 1983, nalavula pansi, nati mzungu uja anagwetsa mitengo ya pa anthu n'kudzala mitengo pa agalu ake. Apa panagona agalu atatu a Chipewa, ndipo mbaleyo inali yawo.

Clever anayala jekete lake pansi, Rosalia nagwadapo. Anayamba kulira mwakachetechete, akuitana agogo amene sanawaonepo, akuwauza kuti Estina anafa akufunsa za iwo, kuti ana awo abwera. Clever anayambitsa nyimbo ya maliro ndi liwu lake losalala lija. Gershom anatsamira mtengo, mtima uli myaa. Zinali kuyenda bwino kuposa mmene anakonzera. Akangokumba, adzatulutsa nsagwada za galu pamaso pa munthu wa boma, ndipo wochapa mashiti sadzatsegulanso pakamwa pa nkhani ya malo mpaka kufa.

Nyimbo itatha Gershom anafunsa a Kalekeni ngati sakumba pang'ono kuti atsimikize.

A Kalekeni anamuyang'ana ngati wapenga. Anati iwo ndi wopima malo, si mfiti, ndipo ali ndi ana kunyumba. Mitumbira ilipo, miyala ilipo, mbale ilipo, boma likufunanso chiyani? Anatsegula buku pa bondo, nalemba akutchula mawu amodziamodzi kuti onse amve: manda atatu, m'mphepete mwa Kasenje, aonetsedwa ndi bambo Clever Chabwela. Malire adzayambira pa dibi mpaka pa kamsitu, n'kutsata mtsinje. Pempho la mayi Rosalia Chabwela lavomerezeka.

Gershom anayang'ana bukulo. Zatha. Malo apita, ndipo apita popanda iye. Chinsinsi chimene anachisunga zaka khumi ndi zitatu ngati ndalama ya golide chinasanduka chopanda ntchito m'kamphindi, chifukwa cha munthu amene anangoganizira. Ana a ana a Rosalia adzawerenga m'buku la boma kuti agogo Clever ndiwo anapeza makolo.

Rosalia anadzuka, napukuta misozi ndi nsonga ya chitenje. Anachotsa tsamba louma pamutu pa mwamuna wake, pang'onopang'ono, dzanja n'kulisiya pamenepo kanthawi. Kenako anatembenukira kwa Gershom akumwetulira, maso akadali onyowa.

"Mwaona, asuweni? Ena anazungulira dziko lonse ndi malole, koma wandipezera agogo ndi wochapa mashiti."

Anali macheza a chisuweni, ofanana ndi a masiku onse. Koma mawu anatuluka m'kamwa mwa Gershom iye asanawalole.

"Wagwadira agalu."

Cholembera cha a Kalekeni chinaima.

"Agalu a Chipewa, atatu. Mbaleyo ndi yodyera galu. Ba Chabwela, kwaya yanu yonse ija mwaimbira agalu a mzungu. Tiyeni kuno muone mmene amapezera manda anthu odziwa."

Anazula chikhomo chimodzi pamtolo wa a Kalekeni, nauyamba ulendo wa ku dibi osacheuka. Atafika pa ngodya ya dibi anafufuza ndi nsapato m'phulusa mpaka anakhudza kamutu ka mzati woyamba. Anawerenga mokweza, mzati ndi mzati, kuti wochapa amve bwino. Ena anawapeza ndi maso, ena ndi phazi, awiri anachita kugwada n'kufukula. Enawo ankamutsata pambuyo, a Kalekeni akuwefuka ndi kudandaula za nthawi. Anadutsa chigwa chakuda, nawoloka dambo lonse, matope akuda akumata nsapato ngakhale mu Okutobala. Pa mzati wa makumi anayi ndi umodzi anakhotera kumanzere, nayenda mapazi makumi atatu. Panalibe kanthu pamenepo, udzu wopsa ndi ndowe zakale basi.

Anabaya chikhomo pansi. Chinalowa phee. Anabayanso pambali pake, chimodzimodzi. Miyendo ya Mordecai inali yaifupi kuposa yake, anakumbuka, nabwerera m'mbuyo mapazi atatu. Anakweza chikhomo ndi manja onse awiri.

Ngwee!

Anafukula ndi zala mpaka inaonekera mbale ya pulawo, yofiira ndi dzimbiri, yoboola pakati. Anabaya pena, ngwee. Penanso, ngwee. Anazipeza zonse zisanu ndi zinayi, m'mizere iwiri yokhota, malaya ali chonyowa, akufotokoza mokweza mmene atate ake anazinyamulira imodziimodzi m'thumba la mchere wa ng'ombe kapitawo asakuona. A Kalekeni anaiwala za thu koloko. Anati chiyambire ntchito imeneyi sanaonepo umboni wotere. Anakhwatcha zimene analemba zija, nalemba mwatsopano: manda asanu ndi anayi, aonetsedwa ndi bambo Gershom Mukutu. Gershom anasuzumira m'bukumo kuti aone ngati dzina lalembedwa bwino. Chifuwa chinamukula ngati tsiku limene analowa mu Lusaka ndi lole yake yoyamba.

Kenako a Kalekeni ananena kuti popeza manda ali kuno, malire ayenera kufika kuno. Anapitirira mapazi ena makumi awiri kuseri kwa mbale yomaliza, nakhoma chikhomo pamenepo. Gershom anayang'ana chikhomocho, nayang'ana kumbuyo kumene anachokera. Dambo lonse lobiriwira, nthaka imene iye ankaigawa m'mutu mwake usana ndi usana pa chigayo, tsopano linali mkati mwa malo a Rosalia. Malire a kamsitu aja akanalisiya kunja. Ndi manja ake omwe anali atawonjezera munda wa Clever Chabwela kuwirikiza kawiri.

Rosalia sanagwadenso. Anaima pakati pa mbale zija, manja atapinda pachifuwa.

"Anakuonetsani liti amalume?"

"Eite-fili."

Milomo ya Rosalia inagwedera ngati akuwerenga zaka. Anafunsa ngati amalume ananena kuti iye asauzidwe. Gershom anati ayi. Anafunsa chimene ananena. Gershom anamuuza, chifukwa pamwamba pa manda amenewa bodza lina linamkanika.

"Amayi anamwalira mu eite-naini, ba Mukutu. Mukanawanyamula pa lole yanu yomweyo, akanaona pamene pagona mayi wawo." Sanakweze mawu. "Ndipo lero munaima n'kumandionerera ndikulirira agalu."

Chibadwire sanamutchulepo ba Mukutu. Anapitiriza kunena kuti iye anali atakonza kale mumtima kuti gawo lina lidzakhale la ana a Gershom, popeza ndi adzukulu a amalume, ndipo amafuna kumuuza lero pakudya. Koma tsopano mawu amenewo wawameza. Pa dothi ili sadzalimapo ndi mzere umodzi womwe. Akafuna munda apite ku Petauke.

Gershom anakumbuka makalata aja ndi zidendene za nsapato. Anaganiza za ana ake asanu, onse obadwira m'mbali mwa msewu, opanda paliponse poti n'kunena kuti kwathu.

Amene analankhula anali Clever. Mawondo a thalauzi lake anali akadali ndi dothi la m'kamsitu. Anati mkazi wake, amake Chipo, aganize bwino. Ba mulamu akanakhala chete mpaka madzulo, banja lonse likanamabwera Novembala aliyense, mwezi wokumbukira akufa, ndi ansembe ndi madzi odalitsa kudzapempherera agalu a mzungu, ndipo iye Clever ndiye akanakhala patsogolo ndi kwaya. Ananena izi akuseka, akudziseka yekha, mpaka a Kalekeni anabisa nkhope m'thaulo. Munthu wachedwa, anatero Clever, koma wafika. Ndipo amene anakwirira mbalezi ndi atate ake. Angathamangitsidwe bwanji mwana wa munthu ameneyo?

Rosalia anayang'ana mbale ya pafupi ndi phazi lake.

"Ine sindimupatsa kanthu," anatero pomaliza. "Inu a Chabwela ngati mufuna, dulani pa gawo limene mukanalima inu. Akhale akudziwa kuti wapatsidwa ndi yani."

Anatenga dengu lake n'kupita kukakhala yekha pa chulu.

Clever anabwera pafupi, nkhope ili yowala, nagwira Gershom pachigongono monga amagwirira wodwala pomutsitsa pabedi.

"Sankhani, ba mulamu. Paliponse pamene mtima wanu wafuna."

Gershom akanakonda kumenyedwa khofi. Akanakonda kuti munthuyu anyade, amunyoze ngakhale kamodzi, kuti apeze pomugwira. Anayang'ana nkhope ija kufunafuna chinyengo, koma sanachipeze. Kukana kunali pamlomo, kokoma, kokonzeka. Koma anakumbuka ana asanu aja. Analoza ndi chibwano kachigawo ka kumapeto kwa dambo, kakang'ono, koti munthu asadzanene kuti anapempha zambiri.

Clever anapukusa mutu. Anati pamenepo mpochepa kwa munthu wa ana asanu, afike mpaka pa chitsa cha mkuyu chija, ndipo madzi azitunga pa dziwe la nsomba likadzakumbidwa. Anayamba kuyenda akuwerenga mapazi, akucheuka kuti aone ngati ba mulamu akubwera.

"Zikomo, ba Chabwela," anatero Gershom, mawuwo akumukanda kukhosi ngati gaga wouma, ndipo anamutsata pambuyo.